Kiran Bedi: mkulu wa polisi amene anatsegula sukulu m'ndende

Mu Meyi 1993, boma la India linatumiza mayi wina wapolisi kukayang'anira ndende ya Tihar mumzinda wa Delhi. Udindo umenewu sunali wosiririka. Ndendeyo inamangidwa kuti isunge anthu pafupifupi 2,500, koma m'katimo munali anthu oposa 8,000. Mwa anthu khumi alionse, pafupifupi 9 anali asanaweruzidwe ndi khoti lililonse. Ankangodikira tsiku la mlandu, ena kwa miyezi, ena kwa zaka. Akuluakulu amati mlandu suwola, koma munthu wodikira mlandu m'chitokosi thupi ndi maganizo ake zimatha.

Mayiyo anali Kiran Bedi, ndipo anakhala pa udindowo zaka ziwiri zokha. Mbiri ya ntchito yawo, yomwe inatenga zaka 35, ikutithandiza kuona chimene mtsogoleri mmodzi wa polisi angathe kusintha, pomwe mphamvu zake zimathera, ndiponso chifukwa chake dziko limafunika malamulo oteteza wapolisi wabwino ndi omuletsa akalakwa.

Mphunzitsi amene anasankha yunifomu

Kiran Bedi anabadwa pa 9 Juni 1949 ku Amritsar, m'chigawo cha Punjab. Anali wachiwiri m'banja la ana anayi, onse aakazi. Makolo awo anaika mtima pa sukulu ndi masewera, ndipo Kiran anayamba tenisi ali wamng'ono. Mu 1966 anapambana mpikisano wa achinyamata wa dziko lonse, ndipo mu 1972 anatenga chikho cha amayi cha mayiko a ku Asia. Asanalowe upolisi anali mphunzitsi: kuyambira 1970 ankaphunzitsa maphunziro a ndale ndi kayendetsedwe ka boma pa Khalsa College for Women, kwawo ku Amritsar.

Kuti timvetse ntchito yomwe analowa, tiyenera kudziwa mmene polisi ya India inakonzedwera. Dzikolo linagawidwa m'zigawo zomwe zili ndi maboma awoawo, ndipo chigawo chilichonse chili ndi polisi yake. Koma akuluakulu otsogolera apolisiwo amasankhidwa ndi mayeso amodzi a dziko lonse, n'kulowa m'gulu lotchedwa Indian Police Service. Akamaliza maphunziro amatumizidwa ku zigawo, kumene amayamba kuyang'anira dera laling'ono, kenako boma lathunthu, mpaka ena amafika potsogolera polisi ya chigawo chonse. Amene ali ndi mphamvu yosamutsa wapolisi wotere kuchoka pa malo ena kupita pena ndi boma, kutanthauza andale amene akulamula. Mfundo imeneyi tiisunge, chifukwa ibweranso kangapo m'nkhani ino.

Mu Julayi 1972, Mayi Bedi anakhala mkazi woyamba kulowa m'gulu limeneli. Mu 1975 anapatsidwa dera la Chanakyapuri ku Delhi, kumene kuli maofesi a akazembe a mayiko akunja ndi nyumba za akuluakulu a boma. Chaka chomwecho, pa perete wa tsiku la Republic Day, yemwe amachitika pa 26 Januwale, anatsogolera gulu la apolisi a ku Delhi lomwe linali la amuna okhaokha. Mu Novembala 1978 panabuka chipwirikiti pakati pa magulu awiri achipembedzo pafupi ndi India Gate. Mayi Bedi analowa pakati pa khamulo ali ndi ndodo yokha m'manja, ndipo chifukwa cha zimenezi analandira mendulo ya Pulezidenti ya apolisi olimba mtima.

Polisi yoyenda ndi anthu

Mu 1979 anapatsidwa dera la kumadzulo kwa Delhi. Apolisi anali ochepa, umbanda unali wochuluka. Iwo anapempha anthu a m'midzi ya m'deralo kuti azilondera usiku m'timagulu, gulu lililonse likuyenda ndi wapolisi mmodzi. Anaika mabokosi oponyamo madandaulo m'madera, kuti munthu woopa kuonekera azitha kulemba zomwe akudziwa popanda kutchula dzina. Analamulanso kuti wapolisi wa dera azipezeka pa malo odziwika pa nthawi yodziwika, kuti anthu asamachite kumusakasaka. Mabanja omwe ankadalira kugulitsa mowa woletsedwa anawathandiza kupeza ngongole zoyambira ntchito zina, poona kuti kumangomanga munthu lero n'kumutulutsa mawa sikuthetsa njala yomwe inamutuma.

Mu Okutobala 1981 anaikidwa kukhala mkulu woyang'anira zapamsewu ku Delhi, pamene mzindawo unkakonzekera masewera a mayiko a ku Asia a 1982. Misewu inali yokumbidwakumbidwa, magalimoto ataimikidwa paliponse. Mayi Bedi anayamba kugwiritsa ntchito magalimoto okhala ndi makina onyamulira, kukoka galimoto iliyonse yoimikidwa molakwika, posayang'ana mwini wake. Anthu anawapatsa dzina lakuti Crane Bedi, potengera makina aja.

Pa 5 Ogasiti 1982, galimoto ya ofesi ya nduna yaikulu ya dzikolo, Indira Gandhi, inapezeka itaimikidwa molakwika ku Connaught Place, ndipo inakokedwa. Nkhaniyi imakambidwa ngati kuti Mayi Bedi ndiwo anaikoka ndi manja awo. Zoona zake n'zakuti amene anachita zimenezi anali wapolisi wa udindo wotsika, Nirmal Singh. Gawo la Mayi Bedi linali lakuti anaima naye, osalola kuti alangidwe chifukwa chotsata lamulo. Pa ntchito ya polisi, zimenezi n'zazikulu kuposa kukoka galimoto. Wapolisi wapamsewu amalimba mtima kuimitsa munthu wamkulu pokhapokha akadziwa kuti bwana wake sadzamutaya foni ikalira.

Masewera atatha, mu 1983, anasamutsidwira ku Goa, dera lomwe linali m'manja mwa Apwitikizi mpaka 1961. Kumeneko anapeza mlatho watsopano pa mtsinje wa Zuari utatha kumangidwa koma uli wotseka, podikira kuti nduna yaikulu ibwere kudzautsegula. Magalimoto ankakhala pamzere kudikira chombo chowolotsa. Tsiku lina Mayi Bedi anachotsa zotchinga n'kulola magalimoto kudutsa. Oyenda pamsewu anasangalala, andale anakwiya.

Pamene mkulu wa polisi anadzudzulidwa

Mbiri ya Mayi Bedi ilinso ndi mbali yomwe owatamanda sakonda kuikamba. Atabwerera ku Delhi anayang'anira dera la kumpoto kwa mzindawo, kumene anatsegula malo othandizira anthu omwerekera ndi mankhwala osokoneza bongo. Ntchito imeneyi ndiyo inabala bungwe la Navjyoti, lomwe lilipo mpaka lero. Koma mu Januwale 1988, apolisi a m'dera lawo anamanga munthu woganiziridwa kuba pa koleji ina, n'kupita naye ku khoti ali ndi unyolo m'manja. Munthuyo anali loya. Maloya anzake anakwiya, ananyanyala ntchito, ndipo atapita kukachita zionetsero ku ofesi ya Mayi Bedi, apolisi anawabalalitsa ndi ndodo, ena n'kuvulala. Makhoti anaima kwa milungu yambiri.

Boma linakhazikitsa komiti yofufuza, yotsogozedwa ndi woweruza D. P. Wadhwa. Lipoti lake, lomwe linatuluka mu 1990, linadzudzula mbali zonse ziwiri. Linati kumanga munthuyo kunali koyenera, koma kumuveka unyolo kunali kosemphana ndi lamulo, ndipo linaloza Mayi Bedi chala pa kumenyedwa kwa maloya aja. Iwo sanagwirizane ndi zomwe lipotilo linapeza. Komabe phunziro lake ndi lomveka: mkulu wa polisi, ngakhale wotchuka ndi wokondedwa, ayenera kuima pamaso pa bwalo lina lomwe iye sakulilamula, n'kufotokoza mmene anagwiritsira ntchito ndodo ya boma.

Chaka chomwecho cha 1990 anatumizidwa ku Mizoram, chigawo chakutali cha kumalire ndi Myanmar, kumene analimbananso ndi uchidakwa ndi mankhwala osokoneza bongo olowa kudzera m'malire. Atabwerako anakhala miyezi ingapo opanda ofesi. Kenako panabwera kalata ya ku Tihar.

Maola awiri m'mawa uliwonse

Chimene Mayi Bedi anayamba nacho ku Tihar chinali chaching'ono: kuyenda. M'mawa uliwonse ankalowa m'zipinda za akaidi, kuona chakudya, madzi, zimbudzi ndi chipatala, n'kumalankhula ndi omangidwawo maso ndi maso. Zomwe apeza ndi zomwe alamula ankazilemba n'kuziika poyera, kuti alonda ndi akaidi omwe aziziwerenga.

Kenako anabweretsa bokosi la madandaulo, lofanana ndi lija la kumadzulo kwa Delhi. Bokosili linali lokhoma, linkayenda m'zipinda tsiku lililonse, ndipo silinkatsegulidwa ndi alonda omwe akaidi ankawadandaula. Mkaidi ankalandira yankho losonyeza kuti kalata yake yawerengedwa. Kudzera m'bokosili zinadziwika kuti ndi mlonda uti amene amamenya, ndani akulowetsa mankhwala osokoneza bongo, ndiponso ndani wakhala zaka osaonana ndi woweruza.

Koma bokosi la makalata limathandiza munthu wodziwa kulemba. Amene sadziwa ayenera kupempha mnzake kuti amulembere, ndipo chinsinsi chake chatuluka kale. Sangawerenge pepala la mlandu wake, sadziwa tsiku lomwe khoti lamuitana, ndipo amadinda chala pa chikalata chomwe wina wamuuza kuti adinde. Akaidi ambiri a ku Tihar anali otere. Choncho Mayi Bedi analamula kuti maola awiri m'mawa uliwonse ndende yonse ikhale sukulu.

Ndalama zolembera aphunzitsi panalibe. Aphunzitsi anachokera m'zipinda momwemo: akaidi ophunzira anayamba kuphunzitsa anzawo, m'magulu osanjidwa malinga ndi pomwe aliyense ali, kuyambira amene sanagwirepo pensulo mpaka amene anasiyira sukulu panjira. Mabuku, makope ndi zolembera zinachokera ku masukulu, mabungwe ndi anthu a mumzinda omwe anapemphedwa kuti athandize. Amene anaphunzitsapo akuluakulu kuwerenga amadziwa chifukwa chake njira imeneyi imagwira. Bambo wa zaka 50 amachita manyazi kulakwitsa chilembo pamaso pa mlendo wovala bwino, koma pamaso pa mnzake wogona naye chipinda chimodzi amayesanso kachiwiri. Amaphunziranso msanga ngati chomwe akuwerenga akuchifuna lero lomwe: dzina lake, nambala ya mlandu wake, kalata yochokera kwa mkazi wake. Nayenso wophunzitsayo amapeza chifukwa chodzukira m'mawa ndi ulemu womwe ndende inamulanda.

Kwa omwe ankafuna kupitiriza, yunivesite ya boma yophunzitsa anthu ali kutali, Indira Gandhi National Open University, pamodzi ndi National Open School, zinatsegula malo awo ophunzitsira m'ndende momwemo. Mkaidi ankatha kulemba mayeso ovomerezeka ndi boma asanatuluke. Panayambanso maphunziro a ntchito zamanja monga ukalipentala, kuwomba nsalu ndi kuphika buledi. Amayi omangidwa omwe anali ndi ana aang'ono anawakonzera malo osamalirako ndi kuphunzitsirako anawo.

Akaidi anapatsidwanso gawo pa kayendetsedwe ka moyo wawo. Anakhazikitsa timakomiti totengera mabwalo a m'midzi ya ku India otchedwa panchayat: ka zakudya, ka ukhondo, ka maphunziro, ka masewera, ndi ka zamalamulo, komwe odziwa malamulo ankathandiza anzawo kulemba makalata opempha belo. Kusuta fodya kunaletsedwa, ndipo omwerekera ndi mankhwala osokoneza bongo anapatsidwa chithandizo m'malo mwa ndodo. Akaidi oopsa, omwe ankalamulira anzawo mwa nkhanza ndi kuwalanda ndalama, anawapatula m'zipinda zawo.

Chinthu china chomwe chinadziwika kunja chinali Vipassana, njira yakale ya ku India yosinkhasinkha, imene munthu amakhala chete masiku khumi akuphunzira kudziletsa. Mu Epulo 1994, akaidi pafupifupi 1,000 a zipembedzo zosiyanasiyana anachita nawo maphunzirowa nthawi imodzi, motsogozedwa ndi mphunzitsi S. N. Goenka. Chaka chomwecho Mayi Bedi analandira mphoto ya Ramon Magsaysay, yomwe imaperekedwa ku Philippines kwa anthu otumikira bwino ku Asia, ndipo anayambitsa bungwe la India Vision Foundation, lomwe limathandiza akaidi ndi ana awo.

Mu Meyi 1995 anachotsedwa ku Tihar. Akuluakulu ena a boma la Delhi ankati Mayi Bedi afooketsa chitetezo cha ndende ndiponso akupereka mwayi wapadera kwa akaidi ena otchuka. Owaikira kumbuyo ankati vuto lenileni linali kutchuka kwawo, komwe kunkaphimba mabwana awo. Mulimonse mmene zinalili, kalata imodzi inakwanira kuwachotsa.

Kalata yosamutsa ngati chikwapu

Tikaona mndandanda wa malo omwe Mayi Bedi anagwirako ntchito, tipeza kuti kawirikawiri ankasamutsidwa atangosemphana ndi munthu wamphamvu. Zimenezi sizinkachitikira iwo okha. Ku India kusamutsa kwakhala chikwapu chomwe andale amaopsezera nacho apolisi: ukafufuza munthu wa chipani cholamula, mawa udzuka uli ku ofesi yopanda ntchito, kutali ndi banja lako.

Mkulu wina wa polisi wopuma, Prakash Singh, yemwe anatsogolerapo polisi ya zigawo za Uttar Pradesh ndi Assam, anatengera nkhaniyi ku khoti lalikulu la dzikolo mu 1996. Chigamulo chinatuluka patapita zaka khumi, mu Sepitembala 2006. Khoti linalamula kuti mkulu wa polisi ya chigawo azisankhidwa mwa njira yoonekera, kuchokera mwa akuluakulu oyenerera, ndipo azikhala pa udindo zaka zosachepera ziwiri. Linati oyang'anira maboma ndi mapolisi ang'onoang'ono nawonso asamachotsedwe mwachisawawa zaka ziwiri zisanathe. Linalamulanso kuti pakhale bungwe loona za kusamutsa ndi kukweza apolisi, komanso mabungwe olandira madandaulo a anthu wamba pa nkhanza za apolisi. Chigamulochi chili ndi mbali ziwiri zoyendera limodzi: kuteteza wapolisi kwa wandale, ndi kuteteza nzika kwa wapolisi. Zigawo zambiri zakhala zikuzengereza kuchitsatira mokwanira.

Mu 2003 Mayi Bedi anakhala mkazi woyamba kusankhidwa kukhala mlangizi wamkulu wa zapolisi mu nthambi yosungitsa mtendere ya bungwe la United Nations ku New York. Atabwerera kwawo anafika pa udindo wa Director General, n'kutsogolera nthambi ya boma yofufuza ndi kutukula ntchito za polisi. Mu 2007 mpando wa mkulu wa polisi ya Delhi unatseguka, koma boma linasankha Y. S. Dadwal, yemwe analowa ntchito zaka ziwiri pambuyo pawo. Mayi Bedi anadandaula poyera, ndipo kumapeto kwa chakacho anapempha kupuma. Motero mkazi woyamba kulowa m'gulu la atsogoleri a polisi sanatsogolere polisi ya mzinda womwe anautumikira zaka zambiri. Mkazi woyamba kutsogolera polisi ya chigawo chathunthu anali Kanchan Chaudhary Bhattacharya, amene analowa ntchito mu 1973 n'kupatsidwa chigawo cha Uttarakhand mu 2004.

Yunifomu itavulidwa

Mu 2011 Mayi Bedi anali mmodzi mwa otsogolera zionetsero zazikulu zotsutsa katangale, pamodzi ndi Anna Hazare ndi Arvind Kejriwal. Mu Januwale 2015 analowa chipani cha BJP, chomwe chinawaimika kuti apikisane pa utsogoleri wa boma la Delhi, motsutsana ndi Kejriwal yemwe uja. Ovota anakana. Chipani cha Kejriwal chinatenga mipando 67 mwa 70, ndipo Mayi Bedi anagonja ngakhale m'dera lawo la Krishna Nagar.

Mu Meyi 2016 anasankhidwa kukhala bwanamkubwa woimira boma lalikulu ku Puducherry. Kumeneko anabwerezanso njira zawo zakale: kuyendera madera m'mamawa, kutsegula ofesi kwa anthu wamba, kufunsa antchito a boma pamaso pa onse. Koma Puducherry ili ndi nyumba ya malamulo ndi nduna zosankhidwa ndi anthu, ndipo mtsogoleri wa bomalo, V. Narayanasamy, ankati bwanamkubwa akulanda ntchito za osankhidwa. Mkanganowo unafika ku makhoti ndipo unatha zaka, mpaka Mayi Bedi anachotsedwa mu Febuluwale 2021. Khalidwe lomwe linatsegula mlatho wa Zuari ndi kusintha Tihar, losadikira chilolezo cha munthu, linakhala lovuta pa malo pomwe mphamvu iyenera kugawidwa ndi anthu omwe ali ndi mavoti kumbuyo kwawo.

Chomwe chinatsala

Zina mwa zomwe zinayamba ku Tihar mu 1993 zidakalipo. Akaidi akulembabe mayeso a sukulu ndi a yunivesite, malo ophikira buledi ndi opangira mipando akugulitsa katundu kunja, ndipo ndende zina za ku India zinatengera njira zimenezi. Zomwe zinakhalitsa kwambiri ndi zomwe zinamangiriridwa ku mabungwe okhazikika, monga yunivesite ija, osati ku khama la munthu mmodzi.

Koma vuto lomwe Mayi Bedi analipeza pa tsiku loyamba silinathe. Kale mu 1979, pa mlandu wotchedwa Hussainara Khatoon, khoti lalikulu la India linagamula kuti kuzengedwa mlandu msanga ndi ufulu wa munthu aliyense, litamva za anthu a ku Bihar omwe anakhala m'ndende nthawi yaitali kuposa chilango cha mlandu womwe ankaganiziridwa. Patapita zaka zoposa 40, ziwerengero za boma za 2022 zinasonyeza kuti mwa akaidi anayi alionse ku India, atatu anali asanaweruzidwe. Woyang'anira ndende angathe kuphunzitsa munthu kuwerenga pepala la mlandu wake, koma sangamuzengere mlanduwo. Imeneyo ndi ntchito ya ofufuza, oimira boma pa milandu ndi oweruza.

N'chifukwa chake poyeza mtsogoleri wa polisi sikokwanira kufunsa ngati ndi wolimba mtima. Nzika iyenera kufunsanso ngati wapolisi wamng'ono wotsata lamulo amatetezedwa, ngati munthu womangidwa ali ndi njira yodandaulira yosadutsa m'manja mwa amene akumuzunza, ndiponso ngati pali bwalo lomwe mkuluyo amayankhako akapyola malire. Zinthu zimenezi zikalembedwa m'malamulo ndipo anthu akazidziwa, mtsogoleri wabwino akasamutsidwa ntchito yake imapitirira, ndipo woipa akabwera amapeza malire omwe sangawalumphe mosavuta.